Bambo Ankayang'ana Kumbali

Tsiku lotsatira imfa ya bambo ndinadzuka faifi koloko monga mwa masiku onse. Ndinatsuka mpunga n'kuuteleka, ndinachapa matewera a mwana wanga Kaho n'kuwayanika pakhonde, ndinatulutsa zinyalala poti linali Lachiwiri, ndinaimba foni kusitolo kumene ndimalongedza chakudya chamasana m'timabokosi kuwauza kuti sindibwera, kenako ndinasita kimono yakuda ya amayi, chovala chamwambo cha pamaliro. Mwamuna wanga anali ndi lole ku Aomori, ankayembekezeka madzulo. Chinatsala chinthu chimodzi. Munthu wa kampani yoyendetsa maliro anati pofika thuu koloko tikhale titampatsa chithunzi cha bambo kuti akachikulitse, chikaikidwe pamwamba pa maluwa pomwe anthu adzafukize lubani. Maliro akatha chimakhala m'nyumba mpaka kalekale. Anatsindika kuti chikhale choti munthu wayang'ana kutsogolo.

Bambo anga, a Nukui Masazo, anasewera m'mafilimu ndi pa kanema zaka makumi anayi ndi chimodzi, koma sanakhalepo mwini nkhani. Ankakhala wapolisi wachiwiri, wogulitsa nsomba, dokotala wotuluka m'chipinda kudzanena kuti pepani, mlonda wophedwa filimu isanafike pakati. M'sitima anthu ankawayang'anitsitsa, wina n'kufunsa ngati anamuphunzitsapo ku pulayimale. Chaka chimene anagwa pa hatchi n'kuthyoka chiuno ndi chomwe ine ndinasiyira sukulu n'kuyamba ntchito. Sindinawasungire mangawa. Munthu ayenera kudya.

Ine ndi amayi tinakhuthulira pamphasa zitini zitatu za zithunzi. Za kuntchito zinalipo zambiri: apa avala wigi, apa ali ndi chipsera chopenta patsaya, apa agona pansi ndi lupanga pamimba. Za kunyumba nazo sizinathandize. Paliponse aima kumapeto, phewa limodzi latuluka kunja kwa chithunzi, nkhope yayang'ana munthu wina. Paukwati wanga akuyang'ana apongozi. Ku nyanja akuyang'ana amayi. Palibe ngakhale chimodzi chomwe maso awo analunjika kamera.

Chifukwa chake ndinkachidziwa. Ndili mwana ankandiuza kuti anthu amalipira tikiti kudzaona amene ali pakati, ndipo ntchito ya wam'mbali ndi kumuyang'ana ameneyo kuti owonera adziwe kopenya. Kuyang'ana m'galasi la kamera kunali kulakwa koti tsiku lotsatira sakuitananso. Thupi linazolowera, mpaka kunyumba.

Koma chimodzi ndinachikumbukira. Kalekale anawajambula atavala jekete yakuda, atayang'ana kutsogolo, kuti akhale malemu mwamuna wa mayi wina m'sewero la pa kanema. Chithunzicho chinawakomera anthu a kusitudiyo, ndiye anachisunga m'nyumba ya katundu, ndipo sewero lililonse lofuna bambo womwalira pakhoma ankangokachitenga. Bambo ankaseka kuti atafa ankapeza ntchito zambiri kuposa ali moyo.

Ndinabereka Kaho, ndinagula bokosi la makeke a nyemba pasiteshoni, n'kukwera sitima ya ku Chofu, kumene kuli situdiyoyo. Wosunga katundu kumeneko anali a Segawa, mnzawo wa bambo kuyambira unyamata. Atandiona anavula chipewa n'kuwerama nthawi yaitali. Atadzuka anandiyang'ana bwinobwino.

"Fumie, mphuno ya bambo ako ija sinakusiye. Pepa mwana wanga."

"Nayenso uyu anaitenga," ndinatero ndikuwatembenuzira Kaho.

Sanafunse zambiri. Anakwera makwerero, natsitsa chithunzicho pakati pa mawotchi akufa ndi maambulera, nachipukuta ndi mkono wa malaya. Anandiuza kuti akazi makumi awiri ndi atatu analirapo patsogolo pake, ena a iwo otchuka kwambiri, ndipo Masazo sanagwirepo dzanja la mmodzi yemwe. Kenako anatsitsa mawu, mwamanyazi, kuti chikatha ntchito yake ndichibweze pofika Lachisanu, chifukwa Loweruka chikufunika pa sewero lina.

Ndinafika kunyumba wani koloko itadutsa. Ndinachiimika patebulo ndili wokhutira kuti ntchito yatha. Chinali chithunzi chabwino: tsitsi lopesa, maso achifundo, munthu woti aliyense angafune kuti akhale bambo wake. Amayi anachiyang'ana osachikhudza.

"Uyu ndi mwamuna wa anthu ena," anatero. "Ndinkamuona pa kanema akazi akumulirira. Wanga sanandiyang'anepo choncho."

Ndinawauza kuti nthawi yatha, kuti china palibe, kuti ndataya m'mawa wonse ndi mwana kumsana. Ndinalankhula mokalipa, ndikuvomera. Amayi anaimirira. Anapita kukhitchini n'kumatula kachithunzi kamene kanali pachitseko cha firiji. Ndinakajambula ndine m'chilimwe chatha: bambo avala malaya am'kati, agwira supuni, akudyetsa Kaho phala. Nkhope yawo ikuoneka mbali imodzi, pakamwa patatseguka pang'ono monga amachitira aliyense wodyetsa mwana.

Munthu wa kampani uja atafika anayang'ana kachithunziko n'kupuma mokoka mpweya. Anafotokoza mwaulemu kuti malemu ayang'ana kumbali, komanso mutu wa mwana wayandikira kwambiri, ndipo zamoyo siziikidwa pamwamba pa maluwa amaliro. Malaya angathe kuwapentera ena. Koma popeza filimu yomwe anatsukira chithunzicho inatayika, ndipo nthawi inali itatha, njira inali imodzi: kudula kachithunziko pakati, iwo atenge mbali ya malemu.

Kanali kokhako komwe Kaho ali ndi agogo ake. Mwana wa chaka chimodzi sadzakumbuka kanthu. Ndinkati akadzakula ndidzamuonetsa kameneka, osati mlonda wogona m'magazi. Amayi ankadziwa zimenezi. Anatenga sizasi m'dirowa n'kuiika pakati pa zithunzi ziwirizo.

"Kachithunzi n'kako, mwana ndi wako," anatero. "Ukakana, tiika cha jekete, sindidzakunena."

Ndinaganiza za amayi akudzuka m'mawa uliwonse, zaka zonse zimene zawatsalira, kuika tiyi ndi mpunga, monga mwa mwambo, patsogolo pa nkhope yobwereka. Ndinadula. Supuni inatsalira mbali ya Kaho, pamodzi ndi nsonga za zala ziwiri za bambo.

Pamaliro panabwera anthu ambiri kuposa mmene tinawerengera, nkhope zomwe mumazidziwa koma maina ayi. Onse ankakanirana mipando yakutsogolo. Chithunzi chinali pamwamba pa maluwa oyera, bambo atawapentera kimono yakuda, akuyang'anabe kumbali, chakumunsi pang'ono. Palibe anakonza zimenezi, koma kumeneko n'komwe kunali mpando wa amayi. Ndinaona munthu aliyense akafukiza lubani n'kukweza maso kwa bambo, mutu wake unkatembenuka wokha kutsata komwe akuyang'ana, n'kupeza mayi wochepa thupi wa imvi amene kwa zaka makumi anayi ankasoka zovala za anthu kuti mwamuna wake apitirize kufa m'mafilimu. Ankawaweramira kawiri.

A Segawa anandinong'oneza potuluka: "Waona? Mpaka lero ali pantchito."

Lachisanu ndinabweza chithunzi cha jekete. Mwezi wotsatira ndinachiona pa kanema, mtsikana wina akuchilirira. Amayi anangosintha siteshoni.

Zonse zinadya izi: sitima ya ku Chofu maulendo awiri, ndalama zokwana mayeni 960, makeke a a Segawa, 1,500, kukulitsa chithunzi, kupenta kimono ndi felemu, 18,000, masiku anayi osapita kuntchito. Mbali ya bambo ya kachithunzi kaja sinabwerere, akuti inasochera kwa wojambula. Yotsalayo ili pafiriji: Kaho wayasamula kukamwa, supuni, ndi zala ziwiri.