Kalata ya Maliro a Munthu Wamoyo

Nkhondo yonse ija iye sanagwirepo mfuti. Anali kalaliki m'kaofesi kamalata kuseri kwa nyumba yosungira zida, ndipo ntchito yake inali kutaipa makalata a maliro. Ankalandira manambala a asilikali amene afa, n'kufufuza mayina ndi kwawo m'kaundula, n'kulembera achibale.

Tsiku lina, makalata ali mulu, anatembenuza manambala. Ya womwalirayo inkathera pa 38, iye anatenga yothera pa 83. Anazindikira patatha sabata, kalata itapita kale. Sajeni wawo sankachedwa kumenya mbama, ndiye kalaliki anangotseka kaundula, nati mumtima zidzakonzeka zokha.

Panadutsa zaka makumi awiri. M'mawa wina nsapato yake itathothoka chidendene, anakhala pabenchi ya wosoka nsapato, pakhonde la sitolo ya njinga. Aliyense wodutsa ankapereka moni kuti, "Mwadzuka bwanji, a Malemu?"

"Dzina limeneli linabwera bwanji?" anafunsa kalaliki.

Wosoka nsapato anaseka, misomali ili kukamwa. "Ine ndinafa kalekale, bambo. Anzanga inawapha mfuti, ine inandipha taipi. Kwathu analandira kalata, analira, anameta. Pobwerera ndinapeza mkazi wanga ali ndi mng'ono wanga, mwana ali kumsana. Amayi atandiona anathawira kukhitchini."

"Ndiye munatani?"

"Ndikanatani? Palibe analakwa. Ndinagona masiku awiri kwa amalume, n'kubwera kuno."

Kalaliki anayang'ana phazi lake. Sokosi inali yobooka, chala chili panja, ndipo anachibisa pansi pa benchi. Anafunsa nambala ya usilikali. Bamboyo anaitchula yonse mosaganizira, ndipo inathera pa 83.

Kalaliki akanatha kudikira nsapato yake n'kumapita. Koma pakamwa panatseguka pokha.

"Kalatayo ndinataipa ndine. Ndinadziwa patatha sabata, koma ndinakhala chete."

Nyundo inaima. Wosoka nsapato analavulira misomali m'manja n'kumuyang'ana nthawi yaitali, ngati akufuna kuona pamene chikopa chang'ambikira.

"Ndinkaganiza kuti ndinu chimunthu chachikulu," anatero. "Chamendulo pachifuwa."

"Mundikhululukire, achimwene."

"Zimenezo tiziona. Nanga mnzanga amene anafadi uja, kwawo munawauza?"

Kalaliki zaka zonsezi ankavutika ndi wamoyo amene anamupha, osaganizako za wakufa amene anamusiya wamoyo.

"Ayi."

"Ndiye mukutaya nthawi pabenchi yanga. Ine ndikudya, ndikugona. Kumeneko ndiye kuli anthu amene akuyang'anabe kumsewu."

Anakhomerera chidendene bwinobwino, misomali isanu, n'kumuponyera nsapatoyo pamiyendo.

Zinamutengera kalaliki miyezi itatu kuti apeze kaundula wakale uja kosungira mapepala a asilikali, ndi tsiku lathunthu pabasi kuti akafike kwawo kwa msilikali amene anafadi uja. Anapeza nyumba ya zipinda ziwiri, mayi wina wa imvi akuchapa pakhomo. Anali mlongo wake wa malemu weniweniyo.

Mayiyo anamvetsera manja ali m'beseni. Kenako anamulowetsa m'nyumba, n'kumuonetsa sutikesi pamwamba pa kabati.

"Zovala zake. Amayi ankaziyanika chaka chilichonse kuti zisadyedwe ndi njenjete. Anamwalira chaka chatha, akumunena kuti ndi mwana wosayamika, wapeza mkazi kutali n'kuiwala kwawo."

Kalaliki anagwada pasimenti, chipewa chili m'manja.

"Dzukani, bambo, maondo anu sandithandiza kanthu," anatero mayiyo. Anapukuta manja, n'kung'amba pepala m'kope la mdzukulu wake. "Mwati mumadziwa kulemba. Lembani tsiku limene anafa ndi malo amene anamuika. Mawa ndikawawerengere amayi kumanda."

Anakhala patebulo n'kuyamba kulemba. Mayiyo anaima kumbuyo kwake, akuwerenga chilembo chilichonse.