Apilo ya a Fakiri

Mwanahalima anamva kuti a Fakiri atuluka kundende ali kumunda wake wa mpunga ku Malengachanzi, akupirikitsa mbalame. Anamuuza anali mayi wina wodutsa ndi dengu la usipa, amene anati wawaona padoko m'mawa womwewo atavala kanzu yoyera, akuyang'anira alovi, asodzi a m'mabwato awo, akusoka ukonde.

Munali mu 1978, patangopita miyezi isanu ndi iwiri chiweruzireni mlandu. Majisitireti wa paboma anali atawalamula kukakhala kundende zaka zisanu chifukwa chogwirira Habiba, mwana wa malemu mkulu wake wa Mwanahalima, mtsikana wa zaka makumi awiri amene iye analera. Mboni anali Mwanahalima yemweyo. Tsiku la tsokalo anakumana ndi Habiba akutuluka m'bango, chitenje chitang'ambika, mlomo ukuchucha magazi, ndipo anaona a Fakiri akutulukira mbali ina ya bangolo, akuthamangira kudoko.

Kutacha anawuyamba wapansi kupita kuboma. Ku ofesi ya khoti anadikira pabenchi mpaka dzuwa kufika paliwombo, kenaka anamulowetsa kwa a Maliko, kalaliki amene ankamasulira mawu ake m'Chingelezi pa nthawi ya mlandu. Bamboyo anamuzindikira msanga. Anatulutsa mapepala otayipa m'kabati n'kumuuza kuti a Fakiri anapeza loya, anachita apilo, ndipo khoti lalikulu lafafaniza chigamulo chija.

Mwanahalima anafunsa chifukwa chake iye ndi Habiba sanaitanidwe. A Maliko anayankha kuti pa apilo saitana mboni. Jaji amangowerenga zimene zinalembedwa n'kumva maloya.

"Ndiye kuti jajiyo sanamuonepo Habiba?"

"Sanamuone, mayi."

Anayamba kumuwerengera, uku akumasulira pang'onopang'ono. M'chikalata cha kupolisi munalembedwa kuti Mwanahalima anaona zimenezi 12 koloko masana, pamene m'khoti ananena kuti inali itangotha swala ya alasiri, pemphero la dzuwa litapendeka. Jaji anati mboni yosintha nthawi chotere n'njovuta kuidalira, makamaka poti ndi mayi ake a wodandaula. Mwanahalima anafotokoza kuti wotchi sanakhalepo nayo. Wapolisi atamufunsa nthawi, iye analoza ndi dzanja pamene panali dzuwa, ali m'chipinda chofolera ndi malata, ndipo wapolisiyo analemba zimene anaganiza. Iye anangodinda chala, osawerengeredwa.

Panalinso za kuchipatala. Iye ndi Habiba anapitako tsiku lachitatu, ndiye pepala la dokotala silinanene zambiri kupatula bala la pamlomo. Koma m'mapepala onsewo munalibe pamene panalembedwa kuti masiku awiri oyambawo akuluakulu a banja ankawaletsa kutuluka, akufuna nkhaniyo ithere pakhomo. M'khoti palibe anamufunsa zimenezo, iyenso sankadziwa kuti n'zofunika.

A Maliko anavula magalasi n'kunena kuti pa milandu yotere makhoti safulumira kumanga munthu pa mawu a mkazi yekha, amafuna umboni wina wochirikiza. Umboni winawo unali wa Mwanahalima, ndiye wagwa.

"Jaji sananene kuti a Fakiri sanachite," anatero. "Wanena kuti patsala chikayiko. Chikayiko chikatsala, munthu amamasulidwa."

"Chikayiko cha ndani? Ine ndinaona ndi maso angawa. Amajisitireti anatiyang'ana kumaso, anatikhulupirira. Inunso munalipo, bambo."

"Ndinalipo, ndipo ndinakukhulupirirani. Koma maganizo a kalaliki salembedwa."

Mwanahalima anapempha kuti amuuze basi yoti akwere, akalankhule yekha pamaso pa jajiyo. A Maliko anapukusa mutu. Mlandu unali utatha, ndipo munthu sazengedwa kawiri pa nkhani imodzi. Panja panali ena akudikira, choncho anabweza mapepala aja m'kabati.

Atafika kunyumba anapeza Habiba akudziwa kale. Achibale a a Fakiri anali atadutsa panjira ya kuseri kwa nyumba akululutira, wina akufuula kuti boma laona bodza. Mwanahalima anakhala naye pamkeka n'kumufotokozera zonse monga anazimvera, mpaka za chikayiko zija. Habiba anamvetsera osamudula.

"Mayi, ndiye ndikananena bwanji kuti amve?"



Masabata otsatira Mwanahalima anayesa kuuza anthu kuchitsime ndi kuchigayo kuti khoti silinanene kuti Habiba ananama. Ena ankangogwedeza mutu mwaulemu. Mayi wina anamufunsa poyera kuti ngati sananame, nanga bwanji a Fakiri ali padoko. Anthu ambiri a m'mudzimo ankadya za m'mabwato a a Fakiri, ndipo Lachisanu bamboyo anabwerera pamzere wake wakutsogolo kumzikiti. Mnyamata amene ankafuna kufunsira Habiba sanatumizenso mawu.

Habiba anasiya kupita kunyanja, ngakhale kukachapa. Mpunga utakololedwa anapempha yekha kuti achoke, ndipo Mwanahalima anamuperekeza pa basi kwa amalume ake, a Mohamedi, ku Dwambazi. Kumeneko Habiba anaphunzira kusoka pa makina, n'kukhazikika konko. Mwanahalima anabwerera yekha. A Fakiri anakumana naye kangapo panjira ya kumsika, ndipo nthawi zonse ankayamba ndi iwo kupereka salamu mokweza, kuti anthu amve ngati iye angayankhe.