Akaunti Zopanda Dzina

Kompyuta inafika pa kampani ina yogulitsa zitsulo ku Limbe mu 1989, ndipo inafika ndi mwano wake. Inalibe zoti "tiona mawa." Chilichonse inkachifuna pa nambala, ndipo nambala iliyonse inkaifuna ndi dzina lake.

Ntchito yosamutsa maakaunti kuchoka m'mabuku akale inagwera Felicia, kalaliki wa ku Chilobwe, poti ndiye anali ndi zala zotaipa. A Aloysius, akauntanti wamkulu amene imvi zinawamerera pa leja, anamulembera dongosolo papepala: katundu wa kampani m'ma 1000, ngongole m'ma 2000, zolowa m'ma 4000, zotuluka m'ma 5000. Zofanana zikhale pamodzi, ngati mmene amayalira tomato pamsika.

Zinayenda bwino mpaka Lachitatu masana, atafika kumapeto kwa buku la ngongole. Kumeneko kunali masamba asanu ndi limodzi, 2901 mpaka 2906, opanda dzina pamwamba. Patsamba lililonse, mwezi ndi mwezi, pankalowa ndalama yosasintha n'kutulukanso tsiku lomwelo.

"Bambo, masamba awa ndi a ndani?"

A Aloysius sanadzutse mutu. "Ingolemba manambalawo."

"Ikukana. Ikuti pakufunika dzina."

"Ndiye ika kadontho."

Kadontho makinawo analola kamodzi kokha. Kachiwiri analira kuti tii, n'kunena kuti dzina limenelo lilipo kale.

Felicia anayang'anitsitsa tsamba la 2904. K142.80. Nambala imeneyi anaidziwa: anali malipiro a a Mathias, dalaivala wa lole. Zaka ziwiri m'mbuyomo anthu atatu a majekete anawatengera pageti, dzuwa likuswa mtengo, akuti chifukwa cha mawu ena amene anawapulumuka okhudza khadi la chipani. Kuyambira pamenepo dzina lawo silinamvekenso mu ofesimo. Anthu ankangoti "uja," maso ali kukhomo. Koma pakutha pa mwezi mkazi wawo ankaima kuchitseko chakuseri, ndipo a Aloysius ankamupatsira envulopu osanena kanthu.

Mtima unamuwawa Felicia, ndipo kenaka anapsa nawo. Ndi galu yemwe pakhomo ali ndi dzina, ndiye bambo wa ana anayi asanduke kadontho? Anatulutsa buku lakale la malipiro, n'kufananitsa manambala imodziimodzi, ndipo onse asanu ndi mmodzi anawapeza. Anataipa mayina awo athunthu, zilembo zikuluzikulu. Makinawo anangomeza mosavuta. Anasindikiza ndandanda wa maakaunti n'kukauika m'thireyi ya bwana monga ankachitira tsiku lililonse, n'kukwera basi ali wopepukidwa.

Mawa lake, akutseka buku la ngongole lija kuti alibweze m'kabati, diso lake linagwera pa deti. Tsamba la a Mathias linatsegulidwa pa 8 Juni. Koma iwo anatengedwa pa 11. Izi sakanasokoneza, pakuti linali tsiku lomwe Felicia anayamba ntchito, atavala nsapato zobwereka. Anafufuza masamba enawo, kuyerekeza ndi tsiku lomaliza limene aliyense anasaina m'buku la pageti. Onse chimodzimodzi: tsamba linkayamba kutsegulidwa, munthu n'kutsatira pambuyo pa masiku atatu kapena anayi.

Anasuzumira kwa a Aloysius. Mkuluyo ankasongola pensulo pang'onopang'ono, zinyalala zake akuzisonkhanitsa bwinobwino pakapepala. Tsiku lonselo bwana sanatuluke mu ofesi mwake, ndipo palibe amene anatchulako za ndandanda uja. Bola akanamukalipira. Chete ameneyo ndiye anamulowetsa mantha m'mafupa.

Lachisanu m'mawa anayatsa makinawo. Zilembo zobiriwira zinatuluka pagalasi, iye n'kutsika mpaka m'ma 2900. Mayina aja panalibe. Pa 2901 panali kadontho kamodzi, pa 2902 tiwiri, pa 2903 titatu, mpaka mmunsi. Kodi a Aloysius, amene ankati makinawo sawagwira ndi chala chomwe, anaphunzira liti?

Ndipo pansi pa 2906 panali mzere wina umene iye sanaulembe. 2907. Timadontho tisanu ndi tiwiri. Yotsegulidwa lero. K186.40.

Anawerenga kawiri, ngakhale panalibe chifukwa. Ndalama imeneyo ankaisainira yekha pa 28 mwezi uliwonse, ndipo ndiyo inkalipira lendi ndi mankhwala a mayi ake.

Kapu ya tiyi inatera pambali pa dzanja lake. A Aloysius anali ataima pamenepo, maso ali ofiira ngati munthu amene sanagone.

"Ndinanenatu kuti kadontho," anatero motsitsa mawu. "A majekete aja amayamba abwera kwa bwana kudzatenga faelo ya munthu. Dzulo anatenga. Ine changa n'kutsegula tsamba basi, kuti ana asagone ndi njala."

Zaka ziwiri zonsezi mkuluyo ankamutchula Felicia kuti iwe, ngati mwana wake. Tsopano anatulutsa pensulo yosongoka ija ndi kapepala, n'kuwerama mwaulemu.

"Mayi anu akadali ku Chilobwe, kuseri kwa chigayo kuja? Envulopu ndiziwapatsa iwowo, kapena muli ndi wina?"