Pikapu ya a Cyprian

Lufina ankaphunzitsa ku Kasinje, koma ambiri ankamudziwira tsamba lake la pa intaneti, pomwe ankalembapo za mafilimu ndi masewero a pa kanema. Sankanyengerera munthu. Chinkamunyansa kwambiri n'kuona mlimi wa m'sewero akutsika m'galimoto yonyezimira ngati ya akwati.

Sewero latsopano litayamba, anakondwa. Munali mlangizi wa zaulimi, dzina lake Christobel, yemwe ankayendera pikapu yakale yoyera. Lufina analemba kuti: "Galimoto ndi imeneyi. Inyamula feteleza, mbuzi, ngakhale wodwala, ndipo matope siiwaopa."

Patatha sabata, Janeti, mnzake wa kwawo ku Biriwiri, anamutumizira chithunzi cha m'gawo lachiwiri. "Taona chitseko chakumbuyochi," analemba motero.

Lufina anachikulitsa chithunzicho. Pachitsekopo panali chitsulo cha bedi chowotcherera mopingasa. Amene anachiwotcherera anali malemu bambo ake, a Cyprian, Lufinayo atawagwirira. Pikapuyo anaigula atabwerako ku migodi ya ku Joni, ndipo pomwalira anaisiyira ana awo awiri. Chaka chathunthu mchimwene wake Richard ankamuuza kuti ili kwa makaniko pa Boma, ikudikira zipangizo.

Loweruka anapita kumudzi. Anapeza Richard akuthirira kabichi kudimba, namuonetsa foni.

"Achimwene, galajayo ndi imeneyi?"

Richard anatula kheni pansi. "Ndinaigulitsa. Ikanangoolera pabwalo. Iwe wemwe walemba kuti ili pamalo oyenera."

"Munawerenga?"

"Ndinawerenga."

"Ndiye munangokhala chete?"

Richard anatola kheni n'kuyambanso kuthirira. Lufina anakwera mtunda kupita kunyumba, akuganiza mmene awauzire amayi ake mosawapweteka mtima. Anawapeza pakhonde akusankha mbewu ya kachewere. Atangoyamba pang'ono, iwo anamudula.

"Makiyi ndinapereka ndine, mwanawe. Tinadziwa kuti ukana."

"Nanga muja ndinkakufunsani za galimotoyi pa Khirisimasi?"

Amayi anapitiriza kusankha, maso ali pathumba.

Lufina sanagone kumudziko. Ali m'minibasi anatsegula tsamba lake kuti afufute zimene analemba, koma anapeza anthu oposa zana atayankhapo, ena akusimba za magalimoto a makolo awo. Anazisiya. Za sewerolo sanalembenso, ngakhale owerenga ankamufunsa sabata iliyonse. Richard anamuimbira kawiri mwezi umenewo, koma iye sanayankhe.