Fodya wa a Rogers

"Fodya? M'nyumba mwanga muno? Ine mkulu wa mpingo?"

A Masiye ankakuwa atanyamula kansalu kofiira komangamo fodya ndi zala ziwiri ngati khoswe wakufa. Louisa, mwana wawo, anali asanavule ngakhale uniform ya kuchipatala. Kamphatsoko anabwera nako ndi iyeyo, kuchokera kwa a Rogers, mfumu ya mtundu wa a Cree, eni nthaka a ku Canada. Mfumuyo inkapempha kiyi wa hall ya tchalitchi ku Tottenham konkuno, m'dziko la Angerezi, kuti Loweruka ikumane ndi atolankhani. A ku hotel anali atawakaniza malo, time yatha, ndiye popanda hall basi meeting yafa.

Louisa anayesa kufotokoza kuti kwawoko munthu sapempha kanthu kwa wamkulu chimanjamanja, amayamba wapereka fodya. Si wosuta ayi, ndi ulemu. Bambo akewo anangoti mxii, ulemu wa ku pub.

Mtsikanayo zinamuwawa, serious. Iye a Rogers anawamva Lachiwiri akulankhula panja pa Parliament, mvula ikuwathira, 1981 yozizira ija, mawu otsika, opanda pepala. Ndiye anawayalira bambo ake zonse. Munthuyo analandidwa kwa mayi ake ali ndi zaka sikisi, ku boarding ankamumenya akalankhula chinenero chake. Anakhala mfumu asanakwane sate. Kampani ina itafuna kumiza manda a makolo ake ndi damu, anailondola ku court zaka seveni mpaka inagwada. Pano wawoloka nyanja pa ndalama za azimayi osoka nsapato za chikopa, kudzakumbutsa Angerezi pangano lomwe anasaina okha potenga dziko la a Cree.

"Dad, inuyo mu '65 munafika kuno kuchokera kumudzi ndi suitcase imodzi. Anakutsegulirani chitseko ndani?"

A Masiye anakhala pa sofa. Kenako anati chabwino, kiyi apereka, koma fodyayo abwerere kwa mwini wake.

Apa Louisa anapukusa mutu. Sizitheka, anatero. Mukabweza ndiye kuti mwakana. Mukasunga, mwavomera, ndipo mwalonjeza.

Mkuluyo anakayang'ana kansaluko, kamfundo kake komangidwa bwinobwino. Anakalowetsa m'thumba la jekete, mbali yomwe amaika Baibulo laling'ono, n'kutenga kiyi pamsomali.

Louisa anachita mantha pang'ono. "Nanga abusa akamva?"

"Abusa sanalandidwepo dziko."

Anavala chipewa n'kutuluka, chitseko osatseka.