Kandulo ya Mandla

Mandla anali munthu wa njuchi asanakhale munthu wa tchalitchi. Ming'oma yake khumi ndi iwiri inali lende m'mitengo ya m'mbali mwa phiri la Dedza, ndipo anzake ankamuseka kuti njuchi ikamuluma imabwerera kudzapepesa. Azungu a mishoni atafika kumtunda kuno, wansembe wawo, mkulu wa ndevu zofika pachifuwa, anamupeza akutaya phula kudzala atatha kufinya uchi. Mzunguyo anagwira mutu ngati waona munthu akukhuthulira mchere mumtsinje.

Ndi wansembeyo amene anamuphunzitsa kupanga makandulo. Ntchito yake si ya munthu waphuma. Umawiritsa malesa m'madzi, n'kusefa pansalu, phula n'kuyandama pamwamba. Likauma umalipala tizidutswa topyapyala, n'kuyanika pamphasa masabata angapo kuti dzuwa liliyeretse. Ukatero umamangirira chingwe cha thonje kudenga, n'kumathira phula lofunda ndi chipande, kusalaza ndi chikhatho, kudikira lizizire, kuthiranso, mpaka msana kuuma. Lamulo linali limodzi, ndipo wansembe ankalibwereza mpaka kutopetsa: "Phula lokhalokha, Mandla. Kandulo ya paguwa saisakaniza ndi kanthu."

Makandulo ndiwo anamulowetsa m'tchalitchi, koma zophunzitsa za mmenemo zinamugwira mtima zenizeni. Anayamba kalasi ya ubatizo, ya zaka zinayi zathunthu, ndipo dzina anasankhiratu: Gervazio. Ankaliyeseza yekha ali pamwamba pa mtengo. Vuto linali lakuti Mandla anali ndi akazi awiri, monga zinalili ndi Angoni ambiri a msinkhu wake, ndipo a mishoni anati wobatizidwa atsale ndi mmodzi, woyambayo. Woyamba anali Namoyo, mayi wofatsa amene makolo anamusankhira. Wachiwiri anali Nachisale, amene anadzisankhira yekha. Ndi Nachisale amene ankamupotera zingwe za makandulo, zosalala bwino, zosafuka mwaye, akuimba chapansipansi pakhonde.

Mandla anazengereza zaka zitatu. Chaka chachinayi anamuperekeza Nachisale kwawo ku Linthipe, iye pambuyo atasenza mtolo, mkazi patsogolo osacheuka ulendo wonse. Atafika, Nachisale analandira mtolo wake nangoti, "Bola akakupatseni dzinalo." Chilimwe chisanathe Mandla anamva kuti wakwatiwa. Analira, tisabise, ndipo anakalirira kuming'oma kumene kunalibe womuona.

Ndiye pofika Lenti wa 1914 munthuyu analibe china choyang'anira koma Loweruka Loyera, tsiku la ubatizo. Wansembe anamupatsa ulemu waukulu: kupanga kandulo ya Pasaka, yotalika kuposa mkono, yonenepa ngati musi. "Udzabatizidwa kandulo yakoyako ikuyaka," anatero. Mandla anali atasunga phula la chaka chonse, loyera mbee, lokwanira ndendende.

Kutatsala masabata atatu, pamudzi panafika machila onyamulidwa ndi anthu. Munali dona wina wa ku Ulaya amene ankangoyenda kuona dziko, akujambula m'buku chilichonse chomusangalatsa. Anali atagona ku mishoni, ndipo Rafaelo, mphunzitsi wa kalasi ya ubatizo, anapatuka naye kuti aone munthu wakuda wopanga makandulo. Tsiku lomwelo Mandla anali atasungunula phula lonse mumphika umodzi waukulu kuti ayambe ntchito.

Dona anakhala pampando, najambula, nawomba m'manja. Kenaka anayankhula chizungu.

"Akuti ayeseko," anatero Rafaelo.

Mandla anayang'ana mphika, nayang'ana manja a donayo. Mtima unakana, koma mlendo wa Abambo wansembe ungamukanize bwanji chipande? Anamupatsa ndi manja awiri. Dona anatunga kamodzi bwinobwino, naseka. Potunga kachiwiri, mkono wa diresi lake unakola mkamwa mwa mphika, ndipo mphikawo unapendekera pamoto. Lawi linalumpha mpaka kunyambita udzu wa chisakasa. Onyamula machila anathamanga ndi dothi, nakwirira moto ndi phula lomwe.

Dona anagwira pakamwa, nayankhula mawu ambirimbiri, misozi ili lengelenge.

"Akuti pepani kwambiri," anatero Rafaelo. "Akuti ntchito yanu ndi yokongola, sadzaiwala."

Anamusiyira kagalasi kodziyang'anira, nakwera machila, onyamula nayamba nyimbo. M'buku lake munapita Mandla wina womwetulira, chipande chili m'manja.

"Kawauzeni Abambo lero lomwe," anatero Rafaelo.

"Ndikaneneze mlendo wawo? Adzafunsa kuti chipande anamupatsa ndani. Musanene, aphunzitsi, chonde. Phula ndilipeza."

Kunena zoona, Mandla ankaopa china. Anali ataona anthu akubwezedwa m'kalasi pa zifukwa zazing'ono, ndipo ankaganiza kuti akapita chimanjamanja, ubatizo nawo upita.

M'mawa mwake anakwera phiri nkhungu ili mbuu, atanyamula muuni wa udzu. Mvula inali isanaleke, ndipo aliyense wodziwa njuchi amadziwa kuti si nthawi yofula imeneyo. Wofula amasiyanso malesa a ana ndi chakudya chawo, kuti njuchi zikhale ndi chotsalira. Mandla sanasiye kanthu. Anakokolola mng'oma woyamba, wachiwiri, mpaka wa khumi ndi chiwiri, ana a njuchi akufinyika m'zala zake ngati mkaka. Bambo ake akanakhalapo akanamuthyola dzanja. Ndipo atawiritsa zonsezo, phula linangokwana theka la kandulo.

Anakhala masiku awiri akuyang'ana phulalo ngati lingachuluke ndi maso. Tsiku lachitatu anaona chipanda chachikulu cha mafuta a ng'ombe, amene Namoyo ankasunga kuti adzadzole pa tsiku la ubatizo, poti nayenso anali m'kalasi. Anayamba kudziuza nkhani. Mafuta a ng'ombe si uve. Ndi amene amadzoza mkwatibwi, ndi amene ankadzola akuluakulu a nkhondo. Mulungu anganyansidwe bwanji ndi chinthu chaulemu chotero? Maganizowo anali osalala bwino. Koma ngati sankalakwa, anabisiranji mafutawo? Pozungulira chingwe anathira phula lenileni, pakati anathira losakaniza, kunja anamatanso lenileni, nasalaza ndi chikhatho mpaka kandulo kunyezimira.

Wansembe ataiona anati, "Yachikasu chaka chino."

"Dzuwa linasowa, Abambo."

Loweruka Loyera kunacha kozizira. Masiku amenewo mwambo unkachitika m'mawa. Anadalitsa moto panja, anthu nalowa m'tchalitchi cha udzu, kandulo ya Mandla niyatsidwa pambali pa guwa. Oyembekeza ubatizo anakhala kutsogolo atavala nsalu zoyera. Kandulo inayaka mokongola, ndipo Mandla anapuma. Koma mawerengo a tsikulo ndi ataliatali, khumi ndi awiri, ndipo lawi linali ndi nthawi yokumba. Pofika pa kuwerenga kwachisanu, phula la mkati linali litatha, moto n'kufika pa mafuta.

Anthu amenewa anali atatha masiku makumi anayi osalawa nyama. Mphuno zawo sizikanaphonya. Ana anayamba kununkhiza m'mwamba. Mayi wina ananong'ona, koma tchalitchi chonse chinamva: "Akuwotcha nyama ndani?" Galu wa munthu wina anadzaima pakhomo akugwedeza mchira. Ena anaseka m'nsalu. Mandla anatuluka thukuta m'chisanu chonsecho, maso ali pa kandulo imene tsopano inkafuka utsi wakuda.

Nthawi yodalitsa madzi itakwana, wansembe ananyamula kandulo kuti aiviike katatu m'mtsuko wa ubatizo, monga mwa mwambo. Popendeka, zosungunuka za pamwamba zinakhuthukira m'madzi ozizirawo, ndipo pamwamba pa madzi panayandama timafuta tambuu, tonga ta pa msuzi wogona. Wansembe anatapa ndi chala, nanunkhiza. Anamukodola Mandla, namufunsa motsitsa mawu.

"Muli chiyani m'kandulo muno?"

"Phula, Abambo."

"Ndikufunsanso, mwana wanga. Muli chiyani?"

Apa ndi pamene Mandla akanadzipulumutsa. Rafaelo anali chapafupi, akumuyang'ana ndi maso opempha. Koma kumbuyo kunali mudzi wonse, ndipo kutsogolo kunali madzi amene anawadikira zaka zinayi, pafupi moti akanatha kuwakhudza.

"Phula lokhalokha, Abambo."

Anayengula mafutawo ndi supuni, ubatizo nuyamba. Wansembe anayenda pamzere. Namoyo anawerama, nadzuka ali Monika. Atafika pa Mandla, wansembe anangodutsa.

Misa itatha wansembe anamuitana kuseri kwa tchalitchi. Rafaelo anali atanena kale za dona. Wansembe sanakalipe, ndipo kukalipa kukanakhala bwino.

"Phula lotayika silikanakhala mlandu," anatero. "Mafutanso ndikanakhululuka. Koma wanama utaima pa madzi a ubatizo, kawiri. Ubwerere m'kalasi zaka ziwiri." Anamupatsa kandulo ija. "Tenga. Paguwa singakhale."

Mandla sanapite kumene anzake ankavina. Anakwera phiri, chifukwa kumeneko n'kumene ankapita zikamuvuta. Anaika khutu pa mng'oma woyamba: zii. Wachiwiri chimodzimodzi. Mwa ina munali nyerere zokhazokha. Njuchi zonse zinali zitasamuka, ndipo popanda njuchi panalibenso makandulo oti n'kumubwezera ulemu ku mishoni. Anakhala pansi pa mtengo wotsiriza, wopanda ngakhale mphamvu yolira.

Chimene anapitira ku Linthipe, ngakhale iye mwini sakananena. Miyendo inangotsata njira ija ya chaka chatha, kandulo ili kukhwapa. Anafika mawa lake dzuwa litapendeka. Anthu anamulozera nyumba ya mwamuna wina, ndipo pabwalo pake anapeza Nachisale akupeta nyemba, pathupi pakuonekera.

Nachisale anaika lichero pansi. Anamuyalira mphasa patali, monga amachitira ndi mlendo, nagwada, nawomba m'manja.

"Mwayenda bwanji?"

"Ndayenda bwino, kaya inu aNachisale."

"Tili bwino. Tinamva kuti dzulo kunali ubatizo kumtunda." Anayang'ana nsalu yake yoyera, yodetsedwa ndi fumbi la m'njira, ndipo anamwetulira pang'ono, mopanda njiru. "Dzina lija linkandivuta kutchula. Ndiye tsopano tizikuitanani kuti ndani?"

Bodza lina linali pafupi pakamwa pa Mandla, koma linamukanika.

"Mandla," anatero. "Mandla yemwe uja."

Kumwetulira kuja kunachoka. Nachisale anamuyang'ana kumaso kwa nthawi yoyamba chichokere pakhomo pake.

"Nanga ine munandichotseranji?"

Nachisale anadikira pang'ono, kenaka anatola lichero lake nalowa m'nyumba. Mandla anatsala pamphasa ya mwini wake, kandulo ili pamiyendo. Dzuwa la ku Linthipe ndi lotentha kuposa la kumtunda, ndipo mafuta anali atayamba kuchucha pa nsalu yoyera ija.