Tsiku Limene Madona Anayendera Kabwata

Nuria anali atazira theka la khonde pamene anamva "odi" kuseri kwa mpanda. Sanadzuke. Anangokokera nsalu yake yoyera kumaso, manja ali matope okhaokha, n'kufunsa kuti ndani.

"Ndine Gilson wa ku ofesi ya Welofeya, bana Shamsia. Muli shani?"

"Tilipo. Lankhulirani komweko, bambo."

Linali tsiku la makumi anayi ndi chisanu ndi chimodzi chimwalirire mwamuna wake Sidiki. Kwa Asilamu, mkazi wamasiye amakhala m'nyumba imene mwamuna wamusiyamo miyezi inayi ndi masiku khumi, wosadzola, wosavala zamaluwa, wosaonana ndi amuna achilendo. Amati eda. Munthu wotsekeredwa chotero alibe chochita koma kusesa posesa kale, ndiye nyumba ya Nuria inkawala kuposa zonse za mumzere umenewo wa komboni yakale ya Kabwata, tinyumba tozungulira taudzu tija.

"Nabwela na nkhani yabwino," anatero Gilson. "Lelo teni koloko kubwela ma madamu ba ku Kabulonga na Woodlands. Bafuna kuyenda na mendo, kuona komboni yakale mwamene tinkhalila. Ine ndine nibatsogolela. Nyumba yoloŵamo nasankha yanu, ndiye yaukhondo."

"Sankhani ina."

"Nambala yanu ili kale pa pepala, mayo. Mapepala tabapatsa dzulo. Na bwana wa komboni nayenso abwela."

Apo m'pamene Nuria anasiya mwala wozirira. M'masiku a Chitaganya aja nyumba ya m'komboni sinali ya munthu, inali ya ntchito. Mwamuna akachotsedwa ntchito kapena akafa, banja linkatuluka, wina n'kulowa mphasa zisanazizire. Sidiki anali telala pakhonde la sitolo ya Mmwenye wina m'tauni, ndipo Mmwenyeyo, pokhala Msilamu mnzawo, anati khadi la nyumba alisiya m'dzina la Sidiki mpaka eda ithe. Kuofesi ya komboni, Sidiki anali wamoyo ndipo ankapita kuntchito m'mawa uliwonse.

"A Gilson, jekete mwavalalo anasoka ndani?"

"Ba Sidiki, mayo. Na pa malilo ninalipo."

"Nanga mukundibweretsera bwana pakhomo kuti adzaone chiyani? Nsalu yoyerayi?"

Zinaoneka kuti za khadi Gilson anali asanaziganize n'komwe. Iye anangoona khonde losalala ndi maluwa a m'zitini.

"Muvale chabe monga masiku onse," anatero pomaliza. "Mubapatse moni, maminiti faifi, bapita. Ine sinizakamba kanthu. Mulomo wanga ni loko."

Gilson atapita, Nuria anakhala pansi pomwepo n'kuwerengera. Ana atatu. Woyamba, Shamsia, ali Sitandade 3, ndipo aphunzitsi akuti mutu uli bwino. Kwawo ku Fort Johnston, ku Nyasaland, Nuria anachokako zaka khumi ndi zinayi zapitazo, mayi ake anamwalira, munda anagawana amalume. Akatseka chitseko n'kukhala chete, bwana afunsa chifukwa. Akatuluka ndi zoyera, madona afunsa chifukwa. Azungu sadutsa chinthu osafunsa chifukwa. Anasamba m'manja, natsegula sutikesi, natulutsa chitenje cha maluwa achikasu ndi duku yofiira, zonunkha mankhwala a njenjete. Nsalu yoyera anaipinda bwinobwino n'kuiika pansi pa pilo wa Sidiki. Sanapemphere. Anaona kuti Mulungu zonsezi akuziona yekha, palibe choti n'kumufotokozera.

Anawaonera pa mpata wa mpanda akubwera. Madona asanu ndi anayi, zipewa zazikulu, maambulera, nsapato zagogoda zikumira m'fumbi la mwezi wa Okutobala. Bwana wa komboni, mzungu wamfupi wofiira khosi, ankabwera pambuyo manja ali kumsana. Kutsogolo kunali Gilson, akuyenda chafutambuyo kuti asawafulatire alendo, kandodo kali m'manja. Analoza mpopi umene mzere wonse unkatungapo madzi. Analoza zimbudzi, koma chapatali. Analoza njira ya kuholo ya mowa, ndi mtengo umene ankati anthu oyamba kumanga mzindawu ankalandirirapo phoso. Amayi a pampopi anali atauzidwa kuti azingochapa ngati palibe chachilendo, ndiye ankachapa zochapa kale, maso ali pa nsapato za madona.

Chizungu Nuria ankachimva, anachitola zaka ziwiri zimene anachapa zovala za azungu ku Northmead asanabereke Shamsia. Ndipo zimene anamva zinamudetsa nkhawa kuposa nkhope ya bwana. Gilson analibe funso lomukanika. Nyumbazi n'zozungulira chifukwa chiyani? Yankho lilipo. Udzu umachokera kuti? Yankho lilipo. Mitundu ingati imakhala muno, amamvana bwanji, ana amagona pati? Ankayankha funso lisanathe, n'kuwonjezera ndi zimene sanamufunse, madona n'kumagwedeza zipewa. Akanamufunsa chifukwa chimene nkhuku ilibe mano, akanawauza ndi chaka chomwe inawataya.

"Ndipo ino," anatero Gilson m'Chizungu atafika pachipata, "ndi imodzi mwa nyumba zakale kwambiri, zomangidwa boma litangosamuka ku Livingstone. Mukhala banja lochokera ku Nyasaland. Anthu aukhondo kwabasi."

Nuria anatuluka, nagwada pang'ono. Madona anawerama mmodzimmodzi kulowa pakhomo, ndipo onse anadutsa pozira pomwe, zidendene zikuboola dothi laliwisi ngati akubzala mtedza. Bwana anaima pakhonde. Zaka khumi ndi chimodzi Nuria anakhala m'komboni imeneyo, mzunguyu sanamupatsepo moni ngakhale wa pakamwa. Koma masiku amenewo pawailesi ankangolalikira za ubale wa mitundu, ndipo madona anali kuyang'ana, ndiye anatambasula dzanja. Nuria analiyang'ana. Linali dzanja la mwamuna wachilendo, laubweya, lathukuta. Analilandira, lamanzere litagwira mkono wamanja mwaulemu.

M'nyumba dona wina wamagalasi anavundukula makina osokera amene anali pakona.

"Akufunsa ngati ni yanu," anatanthauzira Gilson.

"Ndi a bambo a kuno."

"Akuti bali kuti ba bambo?"

Nuria anayang'ana jekete la Gilson, mabatani atatu amene Sidiki anawasoka atakhala pampando womwewo.

"Ali kuntchito," anatero.

Mawuwo anatuluka mosavuta, ndipo zimenezo n'zimene zinamuwawa. Gilson anawatembenuza m'Chizungu, bwana sanatukule n'komwe mutu. Madona anasuzumira m'mapoto, anayamikira maluwa a m'zitini, wina anafunsa ngati udzu sudontha. Anayamba kutuluka. Zikanathera pomwepo.

Koma linali Lachinayi, ndipo Nuria anali ataiwala. Lachinayi lililonse mlamu wake Mwanakombo, mchemwali wamkulu wa Sidiki, ankayenda wapansi kuchokera ku Chilenje kudzamusiyira mpunga ndi nsomba zouma, popeza wa pa eda sapita kumsika. Analowa pachipata dengu lili pamutu, nthawi yomwe bwana ankatambasulanso dzanja lotsanzikira.

Mwanakombo sanakuwe. Anatula dengu pansi pang'onopang'ono, nayang'ana duku yofiira, chitenje, ndi dzanja la Nuria lili m'dzanja la mzungu.

"Alamu," anatero, "nsalu yoyera yatha kale? Dothi la pamanda a mchimwene wanga silinaphwe."

"Achemwali, lowani m'nyumba. Ndikuuzani."

"Mundiuza chiyani chimene maso anga sanandiuze? Maluwa achikasu. Mwadzolanso mafuta kapena mwasungira mawa?"

"Chonde, lowani kaye."

Mwanakombo anavula mpango wake waukulu n'kumufunditsa Nuria kumutu ndi kumaso, monga amachitira ndi chinthu chosayenera kuonedwa, kenaka anaima pakati pa iye ndi bwana, atamufulatira mzunguyo. Misozi inali kutsika.

Madona amene anali atafika kale pachipata anabwerera. M'mawa wonse anali ataona mipopi ndi zimbudzi. Ichi chokha ndicho chinali chosakonzeratu.

"Gilson," anatero wamagalasi uja, "akuchita chiyani? Kodi ndi mwambo?"

Nuria, ali mkati mwa mpango, anamva Gilson akukoka mpweya. Anadikira. Mawu akuti "sindikudziwa" ndi aafupi m'chilankhulo chilichonse, ngakhale mwana amawatha.

"Ndi mwambo wosangalatsa kwambiri wa Asilamu a ku Nyasaland, dona," anayamba Gilson, ndi mawu omwe aja ofotokozera udzu ndi mipopi. "Mkazi mwamuna wake akamwalira, amakhala m'nyumba miyezi inayi ndi masiku khumi atavala zoyera. Saloledwa kugwira dzanja la..."

Anaima pamenepo, koma ng'ombe inali itatuluka kale m'khola.

Madona anadandaula mokoma. Wina analemba m'kabuku, n'kufunsanso kuti masiku owonjezerawo ndi khumi kapena khumi ndi awiri. Wamagalasi anasisita Nuria paphewa, nauza Gilson kuti afunse ngati mayiyo angavale zoyerazo pang'ono chabe kuti amujambule.

"Auzeni kuti zili m'madzi," anatero Nuria.

Bwana sanadandaule nawo. Anafunsa Gilson motsitsa mawu kuti mwamunayo anamwalira liti. Atamva, anayang'ana nambala yolembedwa ndi penti pamwamba pa chitseko, nailemba kuseri kwa pepala la ulendo.

"Lolemba, kuofesi, ndi khadi," anatero m'Chinyanja chake chothyokathyoka, kenaka anamwetulira madona n'kuwalozera njira ya kumsika.

Gilson anatsalira pang'ono pachipata, kandodo kakulendewera.

"Bananifunsa, mayo. Nikanakamba chani?"

"Mukanati simukudziwa."

"Ine? Pamaso pa ma madamu? Ni nchito yanga kudziŵa."

"Mwaigwira bwino. Pitani, akukudikirani. Kumsika kuli zambiri zofuna kufotokoza."

"Nizakamba na bwana. Kapena angakupatseni mpaka kutha kwa mwezi."

Gilson anathamangira madona. Patangopita kanthawi Nuria anamumva kumapeto kwa mzere, mawu atabwerera mwakale, akuuza madona mayina a ndiwo zogulitsidwa pamsika wa Kabwata.

Awiriwo atatsala okha, Nuria anachotsa mpango kumutu n'kuubweza kwa mwini wake. Anamuuza za khadi, za Mmwenye, za lamulo la nyumba, mwachidule, popeza mphamvu zofotokoza zambiri analibe. Mwanakombo ankakhala kwa mwamuna wake wogwira ntchito m'boma, za makadi a anthu amasiye anali asanaziganizepo. Anakhala pansi pafupi ndi dengu lake.

"Bwenzi mutandiuza kale," anatero.

"Bwenzi mutalowa m'nyumba pamene ndinakuuzani."

"Ndinaona mkazi wa mchimwene wanga atavala ngati wa pa ukwati. Mumati nditani?"

"Palibe. Aliyense lero wachita zimene amadziwa."

Mwanakombo anapukuta m'maso ndi nsonga ya mpango. Sanapepese, ndipo Nuria sanayembekezere. Anadziwa kuti pofika Lachisanu, amayi onse a kumzikiti adzakhala atamva za duku yofiira, koma za khadi adzamva ochepa.

"Tikafunse a Shehe," anatero Mwanakombo. "Mwina anena kuti eda ipitirire pomwe inali. Mwina anena kuti iyambirenso."

"Iyambirenso m'nyumba iti, achemwali?"

Nuria analowa m'nyumba, navula chitenje ndi duku, naziponya pamwamba pa sutikesi osapinda. Anatuluka atavala zoyera. Dothi la m'beseni linali litayamba kuuma, analithira madzi n'kulikanya ndi dzanja lomwe lija. Anagwada pakhonde nayamba kutseka mabowo a zidendene, limodzilimodzi. Anali ambiri, ena akuya mpaka chala chonse.

"Mukuziriranji nyumba ya eni?" anafunsa Mwanakombo.

"Mpaka Lolemba ana agona muno," anatero Nuria. "Sunthani dengulo, lili pomwe ndikufuna kuzira."